Corolla yofooka pa chitunda cha ku Namwera, fyuluta ya mafuta tinakaipeza mu thanki

Galimoto yake ndi Toyota Corolla NZE121, injini 1NZ-FE ya 1.5, otomatiki, ya petulo. Imagwira ntchito ya takisi, kunyamula anthu pa Mangochi boma kupita ku Namwera mpaka ku Chiponde, nde mukudziwa kale mmene zimasenzera galimoto za mseu umenewu, anthu othithikana mkati, buti ili yasa ndi matumba. Eni ake ndi bambo ena achikulire, amene amayendetsa ndi mwana wa mchemwali wawo, ndipo pa galaja anabwera onse awiri.

Dandaulo analongosola ndi dalaivala. "Bigi, mtauni muno ilibe vuto olo pang'ono, ndikapita ku Monkey Bay opanda katundu imathamanga bwinobwino, koma ndikangowoloka buliji nkuyamba kukwera cha ku Chowe imafooka, ndikaponda moto giya imatsika, injini nkukuwa koma osakoka, kenaka imayamba kutsamwa. Ndikaima pambali nkudikira pang'ono imayambanso kuyenda ngati palibe chachitika." Cheki injini inali itayaka pa dashibodi. Anawonjezeranso zoti kumbuyo kumamveka kulira kwa nziii makamaka masana dzuwa likaswa mtengo.

Ndinafunsa zomwe zinagwiridwa kale, ndipo apa mpamene madala aja anapumira mmwamba. Mapulagi anasintha onse, koyilo imodzi anagula, fyuluta ya mpweya yatsopano, ndipo chachikulu, pampu ya mafuta anali atasintha posachedwapa kwa makaniko wina. Vuto linachepa kwa kanthawi kenaka linabwerera pomwepo. Nditafunsa za fyuluta ya mafuta anati, "Amisiri, tinauzidwa kuti galimoto za ku Japan zimenezi zilibe fyuluta, anayang'ana mu boneti monse sanaione." Funso lina lomwe sindilumpha masiku ano ndi la komwe amamwetsa. Dalaivala anayamba wayang'ana kaye amalume ake, kenaka nkuvomera kuti nthawi ya kusowa kwa mafuta ija amathira a mzigubu pafupifupi tsiku lililonse, chifukwa kugona pa mzere kumatanthauza kuti tsiku limenelo palibe ndalama, ndipo mpaka pano akapanikizika kumtunda kuja amagulabe kwa mavenda. Sindimudzudzula, ambiri tinathira omwewo.

Kuyeza

Ndisanamasule kalikonse ndinalumikiza makina oyezera. Makinawo anaonetsa kodi ya vuto, P0171, kutanthauza kuti mafuta omwe injini ikulandira ndi ochepa poyerekeza ndi omwe akufunika pa mpweya womwe ukulowa. Kodi imeneyi simakuuzani chomwe chawonongeka, imangonena zomwe kompyuta ikuona, ndipo pa 1NZ zinthu zoibweretsa zilipo zingapo: gasiketi ya manifodi ikamalowetsa mpweya, sensa ya MAF yoyeza mpweya wolowa mu injini ikada, ma injector omwe amapopera mafuta mu injini akatsekeka, kapena mafuta akamafika ochepa. Chomwe chimathandiza kusiyanitsa ndi kuona nthawi yomwe kompyuta ikuwonjezera mafuta. Ngati pali pobowoka polowetsa mpweya, manambala a fuel trim, omwe amaonetsa mafuta amene kompyuta ikuwonjezera, amakwera injini ikamangolira payokha ndipo amatsika mukaponda moto, chifukwa kampweya kakuba kaja kamachepa mphamvu mpweya wina ukachuluka. Iyiyi imapanga zosemphana, ili chiimire manambala ali bwinobwino, kuiponda nkuigwira pamwamba amayamba kukwera. Nde za gasiketi ndinaziika pambali. MAF ndinaitsuka ndi sipule yake poti ndi ntchito yaing'ono, koma sizinasinthe kanthu.

Kenaka geji ya puresha. Injini imeneyi ili ndi paipi imodzi yokha yobweretsa mafuta kutsogolo, yobwezera ku thanki kulibe chifukwa regulator, yemwe amasunga puresha pa mlingo wake, ali mu thanki momwemo, nde geji timailowetsa ndi ka T pomwe paipi imalumikizana ndi chitsulo cha ma injector. Buku la Toyota limati puresha ikhale pakati pa 304 ndi 343 kPa, kapena 44 mpaka 50 psi kwa amene ma geji anu amawerenga choncho. Galimoto ili chiimire geji inaonetsa mkati mwa manambala amenewa, ndipo dalaivala anaseka nkunena kuti mwaona bigi, mafuta alibe mlandu. Apa mpamene ambiri amasocherera. Injini ikamangolira payokha imamwa timafuta tochepa kwambiri moti olo fyuluta yotsekeka imakwanitsa kudutsitsa, ndipo geji imakunamizani kuti zonse zili bwino. Fyuluta yotsekeka imaonekera pokhapokha injini ikafuna mafuta ambiri kwa nthawi yotalikirapo.

Nde ndinatulutsa geji ija ndi paipi yaitali, nkuipanikiza kunja pa galasi ndi waipa, mkati mwa galimoto paipi ya petulo sitilowetsamo, tinakweza anyamata a pa galaja kumbuyo kuti pakhale kulemera nkuwoloka buliji ya Bakili Muluzi kulunjika kumapiri. Pa fulati muvi unangokhala phee. Titayamba kukwera muvi unayamba kutsika pang'onopang'ono, pofika pa makona aja unali utagwa pansi pa 200 kPa ndipo galimoto inayamba kutsamwa ndendende mmene anafotokozera, dalaivala akachotsa phazi muvi umabwerera mmwamba mwaulesi. Pamenepo nkhani ya katalitiki yotsekeka, chosefera utsi cha mu ekizozi chija, yomwe nayonso imafoola galimoto pa chitunda, inagwa yokha, chifukwa katalitiki singagwetse puresha ya mafuta.

Zotsala zinali magetsi opita ku pampu, paipi yophwanyika kunsi, pampu yomwe, kapena fyuluta. Titabwerera ndinalowa kunsi kutsatira paipi kuchokera ku thanki mpaka kutsogolo, chifukwa miyala ya mmiseu yathuyi imaphwanya mapaipi, koma inali yabwino. Chotsekera pa thanki nditatsegula sichinapume mpweya wachilendo. Magetsi ndinayeza pa pulagi ya pampu injini ikulira, amafika okwanira monga momwe alitaneta ikutchajira.

Fyuluta ili pati

Zoti galimoto ilibe fyuluta ya mafuta musamavomere, chomwe chimasintha ndi malo. Ma Corolla akale aja, AE100 ndi AE110, fyuluta yake ndi kachitini kachitsulo mu boneti cha kukhoma lolekanitsa injini ndi mokhala anthu, pamwamba pali bawuti ya banjo yokhala ndi mawashala awiri ofewa, pansi pali nati ya paipi yomwe imavuta kumasula ndipo mukaigwira ndi sipanala wamba mumaiphwanya makona. Ma Nissan ambiri akale ndi kachitini komangidwa ndi makilampu pa mapaipi a rabala. Ma VW Polo ndi Golf ambiri a petulo mumaipeza kunsi pafupi ndi thanki. Za dizilo ngati Hilux ndi Hiace za injini ya 3L kapena 5L ili mu chipinda cha injini, pamwamba pali kopopera ndi dzanja, pansi pali kotulutsira madzi. Zonsezi mukatsatira paipi kuchokera ku injini kubwerera mmbuyo mumakumana nazo, ndipo zambiri zimakhala ndi kamuvi kapena mawu osonyeza komwe mafuta akulowera, osaitembenuza.

Koma Toyota zomwe zadzadza mmiseu muno panopa, za 1NZ ndi abale ake, mukatsatira paipi mumakafika pa thanki osakumana ndi kanthu, chifukwa fyuluta ili mkati, ndipo maonekedwe ake ndi amene amapusitsa anthu. Simaoneka ngati fyuluta. Ndi chipulasitiki chomwe pampu imalowamo chija, chomwe ambiri amangochiyesa nyumba ya pampu, pepala losefera lili mkati mwa khoma lake ndipo ndi lomata, simungaliwone. Kansalu kali kunsi kwa pampu kaja ndi kasefa chabe kogwira zinyalala zikuluzikulu. Munthu amagula pampu, imabwera ndi kasefa kake katsopano, nkuzilowetsa mu chipulasitiki chakale chomwecho, mumtima mwake nkumati ndasintha pampu ndi fyuluta. Izi ndi zomwe ndimaganizira kuti zachitika apa, ndipo kulira kwa nziii kuja kumagwirizana nazo, pampu yatsopano ikukankha pa khomo lotseka.

Ndinawafotokozera madala, anandiyang'ana kwa kanthawi nkufunsa kuti, "Nde pampu tinagula ija ndalama zinangolowa mmadzi?" Ndinawauza kuti mwina yakaleyo inali itatopadi poti nayo imalimbana ndi fyuluta yomweyi, koma kuti tisagule china chilichonse tisanatsegule.

Kutsegula

Ntchito iyi ndimaigwira mmawa. Kutentha kwa kuno mu Okutobala petulo amauluka msanga ndipo mukatsegula thanki mkati mwa galimoto fungo limadzadza mpaka mutu kuwawa, nde tinaikankhira pa mthunzi panja, zitseko zonse zotsegula, mnzathu wowotcherera pafupi ndinamupempha kuti ayambe waima kaye, wosuta aliyense kutali, chozimira moto ndi ndowa ya mchenga pafupi. Dalaivala ndinali nditamuuziratu kuti abwere geji ya mafuta ya pa dashibodi ili pansi pa kota. Thanki yake ndi ya malita 50 ndipo ikakhala yodzadza mukangomasula mafuta amasefukira mkati.

Mpando wakumbuyo mumaukoka mmwamba kutsogolo kwake, umagwidwa ndi makilipu awiri basi. Pansi pake pali kachitseko kachitsulo komatidwa ndi phula lakuda lija, mumakanyamula pang'onopang'ono ndi sikuludiraiva, ndipo apa phulalo linali litang'ambika kale mbali imodzi kusonyeza kuti munthu analowapo. Choyamba ndi kuchotsa puresha mu paipi. Ndinazula pulagi ya pampu, kuliza injini nkuisiya mpaka inazima yokha, kenaka kiyi pa OFF nkuchotsa waya wa negetivu pa batire. Mukalumpha izi paipi ija imakuthirani petulo kumaso, ndipo olo mwachita zonse ikani nsanza pamwamba pomasula chifukwa otsalira amakhalapo.

Pamwamba pa pampu panali fumbi lofiira lokhuthala, la mmiseu ya kumtunda, litagwirana ndi chinyontho. Musamasule bawuti olo imodzi musanachotse limeneli, apo ayi lonse ligwera mu thanki ndipo fyuluta yatsopanoyo iyamba ntchito ndi dothi lanu lomwe. Tinapukuta ndi burashi, kupemerera ndi mpweya, kupukutanso ndi nsanza yonyowa. Kenaka kakilipu kogwira paipi yaikulu, mumakasolola cha mmbali, kasungeni bwino chifukwa kakasowa mu shopu simukapeza msanga ndipo kumanga ndi waya pamenepo ndi kuitana moto. Ndinaika chizindikiro ndi choko kuti ndidziwe mmene chinakhalira, nkumasula timabawuti tozungulira mbale yogwira pampu. Potulutsa pamafunika kupendeketsa, chifukwa kumbali kuli kamkono ka waya kokhala ndi choyandama komwe kamauza geji ya pa dashibodi, mukakapinda geji iyamba kunama mpaka kalekale.

Nditaika pa tebulo zinaonekeratu. Pampu yonyezimira, kasefa katsopano koma katayamba kale kuda, chipulasitiki cha fyuluta chachikasu chodera chokalamba, mwina chomwe chinabwera ndi galimoto kuchokera ku Japan. Nditachipendeketsa mu kabeseni mafuta otuluka mbali yolowera anali akuda bii. Ena amayesa fyuluta popemerera ndi pakamwa, ine zimenezo ndinakana, petulo si wolawa ndipo geji inali itanena kale.

Ya mtundu umenewu mmashopu a pa boma sinapezeke, zomwe anandionetsa zimafanana kunja koma polowera regulator panali posiyana. Zimenezi zimachitika kwambiri ndi Toyota zimenezi, chipulasitiki chimaoneka chimodzimodzi koma kabowo kamodzi kali pena. Tinatumiza nambala ya chasisi ndi zithunzi za mbali zonse pa WhatsApp kwa ogulitsa ku Limbe, inabwera pa minibasi pamodzi ndi timarabala ta O-ring ndi gasiketi ya pakamwa pa thanki. Podikira ndinatseka pakamwa pa thanki ndi pulasitiki yolimba nkumanga.

Thanki

Nthawi yodikirayo inapita ku thanki, ndipo kwa ine gawo ili ndi lofunika mofanana ndi fyuluta yomwe. Nditaunika ndi tochi ya LED pansi pa thanki pamaoneka timchenga ndi timadontho tozungulira tikuyendayenda pansi pa petulo. Tinapopa ndi kapampu ka dzanja kuchokera pansi penipeni kuthira mu botolo loonekera mkati, litakhazikika zinagawana, pamwamba petulo wa mbuu, pansi madzi odera ndi dothi. Madala aja botolo analitenga okha nkuliyang'anitsitsa padzuwa, kenaka anangoti, "Iwe, bwera udzaone zomwe umandithirira," mnyamata nkungoti pepani amalume.

Mafuta a mzigubu vuto lake sikuti onse ndi osakaniza dala. Chigubu chomwecho dzulo munali madzi kapena mafuta ophikira, mgolo wachitsulo uli ndi dzimbiri mkati, fanulo ndi botolo lodula lomwe limagona pa mchenga, ndipo kuthira kumachitikira mmbali mwa mseu malole akudutsa. Komanso petulo wa kuno amasakanizidwa ndi ethanol, ndipo ethanol amakoka madzi, ochepa amawameza nkupsa nawo mu injini koma akachuluka amapatukana nkukhala pansi, pomwe pampu imayamwira. Pepala la fyuluta likamwa madzi limafufuma, dothi nkumatirira pamenepo.

Tinapopa zonse mpaka kuuma, kupukuta pansi ndi nsalu yosathothoka ulusi pomwe dzanja limafika, kutsukuluza ndi petulo woyera pang'ono nkupopanso. Ndikanapeza matope ambiri kapena dzimbiri lomatirira ndikanatsitsa thanki yonse, apa sizinafike pamenepo. Mafuta tinachotsawo sanabwererenso mu galimoto, dalaivala anayesa kupempha kuti tisefe ndi nsalu, ndinakana, nsalu simagwira madzi.

Kumanga

Kusamutsa zinthu kuchoka pa fyuluta yakale kupita pa yatsopano ndi ntchito yofuna kudekha chifukwa zonse ndi timano tapulasitiki tomwe takhala mu petulo zaka zambiri, tikathyoka basi. Mumachotsa kamkono ka geji, chotsekera cha pansi ndi rabala yomwe pampu imakhalira, kusolola pampu, kuzula regulator, kenaka mbale ya pamwamba pokanula timano take ndi sikuludiraiva yaing'ono yokulunga tepi. Jambulani ndi foni musanayambe, kutali ndi thanki yotsegula.

Pomwe pamafunika maso ndi pa timarabala. Pakamwa pa pampu pamakhala O-ring ndi kapulasitiki komuchirikiza, ndipo kawirikawiri O-ring wakale amatsalira mkati mwa fyuluta yakale, munthu osaona, nkumanga popanda. Galimoto imalira ndithu koma mafuta ena amangobwerera mu thanki, puresha imakhala yochepa ndipo mmawa sitata imazungulira nthawi yaitali. Apa ndinapeza kuti O-ring wa pa pampu anali wakale wophwatalala, anangomubwezera. Ndinaika atsopano ponse, pa pampu, pa regulator ndi pa mbale ya pamwamba, kuwanyowetsa ndi petulo kuti alowe osapotoka, girizi ayi. Kasefa ka regulator ndi ka pansi pa pampu ndinatsuka, sikanali kong'ambika. Gasiketi yatsopano pakamwa pa thanki, kulowetsa mopendeketsa monga potulutsa, kulunjikitsa pa choko paja, timabawuti kumanga modumphadumpha mbali iyi ndi iyo ndipo osakakamiza, ndi tating'ono timaduka. Paipi kulowetsa mpaka pansi, kilipu mmalo mwake, nkuikoka paipiyo ndi dzanja kuti nditsimikize.

Tinathira mafuta ochokera pa pampu ya pa filing'i, batire kubwezera. Apa ena amadabwa kuti atembenuza kiyi pa ON koma pampu sikumveka nkuyamba kumasulanso. Toyota zambiri za nthawi imeneyi pampu imadikira sitata izungulire kaye, nde ingolizani, imatenga kanthawi kuti paipi idzadze. Inalira, ndinaisiya ikulira mpando usanabwerere, kuyang'ana ndi kununkhiza pa paipi ndi mozungulira gasiketi, pouma. Kachitseko ndinakamata ndi phula latsopano kuti fumbi ndi fungo zisamalowe kwa okwera.

Galimoto ili chiimire geji ya puresha inaonetsa mkati mwa manambala a buku monga poyamba, zomwe sizimatiuza kanthu, nde tinabwereranso ku chitunda chomwe chija ndi anyamata omwewo kumbuyo. Muvi sunagwe, unangogwedera pang'ono poponda nkukhazikika, galimoto inakwera mpaka pamwamba osatsamwa ndipo manambala a fuel trim anayamba kubwerera pafupi ndi ziro. Nditazimitsa ndinayang'ananso ngati puresha ikugwira, buku limati ikhale 147 kPa kapena kuposa pakatha mphindi 5, inagwira, kutanthauza kuti timarabala takhala bwino ndipo ma injector sakudontha. Ndinafufuta kodi ya P0171 ija.

Fyuluta yakale itauma padzuwa tinaicheka ndi sowo ya manja kuti eni ake aone. Mapinda a pepala anali atamatirirana, mkati mwake matope odera ngati nsenga za pansi pa thobwa, ukapaka pa chala kumamveka timchenga ndi tizidutswa ta dzimbiri.

Zomwe ndinawauza ponyamuka ndi izi. Pampu ija yachepetsa kulira koma sinasiyiretu, inagwira ntchito mopanikizika nde sindingalonjeze kuti ikhalitsa, ikayamba kukuwa kapena galimoto ikamachedwa kulira abwere tiyezenso tisanagule. Asamayendetse mpaka nyali ya mafuta kuyaka chifukwa pampu imazizira ndi mafuta omwe yamiramo, ndipo ndi kutentha kwa kuno thanki youma imaipha msanga. Ndandanda ya sevisi ya Toyota mmayiko ena imati fyuluta ya mu thanki isinthidwe pa makilomita 80,000, koma kwa takisi yomwe imamwa za mzigubu ine sindingadikire mpaka pamenepo. Za mavenda ndikudziwa kuti sasiyiratu, nde ndinamuuza dalaivala kuti akakakamizika ayambe wathira pang'ono mu botolo loonekera nkudikira likhazikike, ndipo zotsalira pansi pa chigubu asalole kuti amukhuthulire.

Anadutsanso pa galaja patapita masabata angapo kudzasintha oyilo, cheki injini sinayakenso ndipo ku Chiponde akupita ndi katundu wake wa masiku onse. Ndinayezanso puresha ili bwino. Fuel trim ikadali pamwamba pang'ono kuposa mmene ndimafunira, nde pa sevisi ikubwerayi tagwirizana kuti tichotse ma injector tiwatsuke, chifukwa dothi lina losalala liyenera kuti linadutsa nthawi yomwe pepala lija linali litatopa.